Amene Anakumba Manda a Atate

Atate ankatiuza kawirikawiri kuti akadzamwalira tidzawaike kwawo, kupitirira Mkaika, pafupi ndi pamene anagona amayi awo. Ankanena zimenezi akuchapa mapazi kapena akukonza njinga, ngati nkhani yosafunika n'komwe kuiganizira. Ifenso tinkangoti chabwino. Munthu amaikidwa kwawo, nanga n'chiyani chingavute pamenepo? Zinavuta, ndipo mpaka lero ndikazikumbukira mtima umandiwawa.

Atate anayamba ntchito pa depoti ya chimanga ku Sinda ine ndisanabadwe. Dziko linali la chipani chimodzi nthawi imeneyo, ndipo chimanga, mtedza ndi thonje zinkagulidwa ndi boma kudzera m'makopaletivu. Iwo sanali kalaliki wa pasikelo, sukulu sanapite nayo patali. Anali kapitawo wa onyamula matumba, anthu otsitsa chimanga m'ngolo ndi m'malole n'kuchisanja milu yaitali kuposa denga la tchalitchi chathu, kenaka n'kufunditsa matenti mvula isanabwere. Madzulo ankabwera kunyumba ali mbuu, tsitsi ndi nsidze zonse fumbi, akununkha mankhwala ophera anankafumbwe.

Anali tcheyamani wa nthambi ya bungwe la antchito, limene aliyense ankangoti yuniyoni, komanso anali m'komiti ya chipani ya pantchito. Anthu ambiri anali ndi khadi la chipani chifukwa popanda khadilo kumsika kapena pa basi unkavutika. Atate sanali otero. Iwo anakhulupirira zonse ndi mtima wonse: kuti dziko ndi la anthu ogwira ntchito, kuti palibe amene ayenera kudyera mnzake masuku pamutu, kuti wonyamula thumba ndi manijala ndi anthu ofanana. Pakudya ankatilalikira zimenezi mpaka ndiwo kuzizira. Amayi, amene kwawo ndi ku Vubwi ndipo pakamwa pawo sipankachedwa, ankati, "Ngati nonse muli ofanana, mawa a manijala abwere adzatithandize kusenda mtedza." Atate ankaseka, koma sankasintha.

Sindikufuna kuwanyoza. Zinthu zimene anamenyera zinali zenizeni ndipo ndinaziona ndi maso. Onyamula matumba analandira maovolosi, majombo ndi sopo. Munthu akavulala msana sankangouzidwa kuti pita kwanu. Koma chimene atate ankanyadira kuposa zonse chinali cha maliro.

Nkhani yake inali yotere. Mwana wa mmodzi wa onyamula matumba anamwalira nthawi yogula chimanga, ndipo bambo wake anamukulunga mumphasa n'kumumangirira panjinga kupita naye kumudzi, pamene malole a depoti anali chiimire pabwalo. Atate ataona zimenezo anauza anzawo kuti aliyense akhale pa thumba limene ali nalo pafupi. Sitiraka sinkaloledwa chisawawa masiku amenewo, choncho iwo ankati akungopuma. Anapuma mpaka ngolo za alimi zinafola kukafika kumsewu waukulu. Pamapeto pake akuluakulu anavomera kuti wantchito akaferedwa, kapena akamwalira iye mwini, depoti izipereka lole, matabwa a bokosi, nkhuni ndi thumba la chimanga. Atate ankaitchula kuti kondishoni, ndipo ankaitchula ngati mmene mkulu wa mpingo amatchulira vesi.

Kumudzi kwawo kondishoni imeneyi inathandiza anthu ambiri, chifukwa kumudzi aliyense ndi mbale wako, ndipo atate ankadziwa kufotokozera manijala ubale mpaka atatopa nawo. Kukachitika zovuta, uthenga unkafika ku Sinda, lole inkalizidwa, ndipo amayi ndi ife ana tinkakwera pamwamba pa nkhuni. Tikamalowa m'mudzi anthu ankayimirira kutiyang'ana. Ndili mwana ndinkaona ngati ndife anthu ofunika kwambiri.

Atate okha kawirikawiri sankakwera. Akakwera, ankafika pa nthawi yoika, kuima kumbuyo chipewa chili kumanja, n'kubwerera ndi lole yomweyo. Ankati ntchito siingaime, makamaka miyezi yogula mbewu. Koma kumudzi maliro ali ndi kayendetsedwe kake. Mwamuna aliyense amafika, amagona panja pa siwa pamodzi ndi anzake, ndipo adzukulu, anthu okumba manda, akalawirira kumanda amafuna kuona kuti banja lililonse latumiza dzanja. Salemba paliponse. Amangoona amene wabwera ndi amene sanabwere, ndipo saiwala.

Amalume awo a atate, m'bale wa agogo anga, anabwera ku Sinda tsiku lina pa ngolo ya mnansi wawo. Anapeza atate ali pamwamba pa mulu wa matumba, ine nditawabweretsera chakudya cha masana. Anadikira mpaka atate atatsika, anapatsana moni, n'kukhala pamthunzi wa tenti.

"Mphwanga, kumudzi anthu akulankhula," anatero amalume. "Matabwa tikuwaona, nkhuni tikuziona. Iwe sitikukuona."

"Amalume, zinthu zinachinja," atate anayankha m'chinyanja chawo cha pa depoti. "Manje dziko lonse ni mudzi umodzi chabe. Ine nikachoka pano, mvula igwe pa chimanga ichi, azagona na njala ni anthu a ku Lusaka, a ku migodi, na imwe bene. Lole ija ikafika, ninshi nafika ndine."

"Lole sigwira khasu," anatero amalume. "Ndangoti ndikutsine khutu, ine ndine wopita."

Atate anawagulira shuga ndi fodya, n'kuwakweza pa lole yopita ku Katete. Madzulo anauza amayi kuti nkhalamba za kumudzi zikufunika kuphunzitsidwa. Amayi anangopitiriza kutsuka mbale.

Kenaka zinthu zinayamba kuthina. Sopo, mafuta ophikira ndi shuga zinasowa m'masitolo a boma, ndipo tinkafola kuyambira m'mawa osadziwa kuti tikufolera chiyani. Malipiro anaima pamodzimodzi mitengo ikukwera. Chipani ndi yuniyoni, zimene atate ankaziona ngati manja awiri a munthu mmodzi, zinayamba kutukwanizana pa wailesi. Atate anaonda nazo. Pamsonkhano wa chipani ankawanena kuti ndi wa yuniyoni, pamsonkhano wa yuniyoni ankawanena kuti ndi kazitape wa chipani. Zipani zambiri zitaloledwa anasinkhasinkha kwa nthawi yaitali, ndipo pomaliza anavotera chipani chatsopano chifukwa kutsogolo kwake kunali anthu ochokera m'mabungwe a antchito. Anati anthu amenewo sangaiwale kumene anachokera.

Sipanapite nthawi yaitali depoti inatsekedwa. Olamulira atsopanowo anati boma siliyenera kuchita malonda, msika udziyendetsa wokha. Antchito anaitanidwa pabwalo n'kuuzidwa kuti ntchito yatha. Matenti anasowa, masikelo anasowa, ndipo pamene panali milu ya chimanga panamera chisoso. Lole ija anaigula wamalonda wina, anaipaka penti yobiriwira, n'kumanyamulira anthu ndi mbuzi pamsewu wa Katete. Ikamadutsa atate ankayang'ana kumbali. Nthambi yawo ya yuniyoni palibe amene anaithetsa. Inangotha yokha, chifukwa panalibenso wantchito woti akhale membala.

Ogula mbewu atsopano anabwera ndi masikelo opachika pamtengo. Atate, tsitsi litayamba kuyera, anayamba ganyu yokweza matumba m'malole awo, opanda jombo, opanda ovolosi yatsopano, pamodzi ndi amuna achinyamata amene sanamvepo za kondishoni. Anayesa kuwasonkhanitsa kuti agwirizane, asamanyamule matumba odzaza mopitirira, ndipo wina akavulala onse aime. Achinyamatawo anawaseka n'kuwapatsa dzina loti akomuredi. Wogula mbewu atamva sanakalipe. M'mawa mwake anangoloza anthu ena, atate n'kutsala chiimire pansi pa mtengo. Panalibe kowasumira chifukwa panalibe amene anawalemba ntchito.

Apa ndiye pamene ndimawakwiyira atate. Tsopano nthawi anali nayo yambirimbiri, koma kumaliro a kumudzi sankapitabe. Amayi ankapita okha, pa basi kapena pa njinga ya hayala, atanyamula kaufa pamutu. Ankagona m'siwa, kutunga madzi, kuphika, kuimba ndi amayi a chigwirizano mpaka mawu kutha. Akamanyamuka ankawachonderera atate kuti apitire limodzi.

"Nipite na chani?" atate ankatero. "Manja chabe?"

"Manja omwewo ndi amene anthu akhala akuwafuna," amayi ankayankha.

Atate anapita kamodzi, pa maliro a amalume aja. Anakhala kumapeto kwa amuna, ndipo wina pofuna kuseketsa anzake anawafunsa kuti lole aisiya kuti lero. Anthu anaseka pang'ono, monga amachitira pamaliro a munthu wokalamba. Atate anapirira mpaka kuika, anabwerera ku Sinda, ndipo sanapondenso kumeneko. Anali manyazi, ine ndikudziwa. Munthu amene ankalowa m'mudzi ndi lole sankafuna kulowa wapansi.

Maliro amene sankaphonya anali a anzawo a pa depoti. Mmodzi akamwalira, otsalawo ankavala maovolosi awo akale otuwa n'kukakumana kumeneko, kaya ku Sinda kaya ku Katete. Ankanyamula bokosi okha, ndipo abusa akamaliza iwo ankaimba nyimbo ina ya masiku a chipani imene achinyamata sankaidziwa. Chaka ndi chaka gulu lawo linkachepa. Ambiri ankapita ndi chifuwa ndi msana.

Atate nawonso chinali chifuwa. Anadwala nyengo yonse yozizira n'kumwalira nthawi yotentha, mvula isanayambe, pamene nthaka imauma gwa. Ine ndinali nditakula kale, ndikuphunzitsa pasukulu ina ku Vubwi. Ndinagula bokosi kwa kalipentala wa m'mbali mwa msewu ku Katete, ndinachita hayala kanta, galimoto yonyamula katundu, ndipo ine ndi amayi tinawatengera kwawo monga ananenera.

Akazi a m'mudzi anatilandira bwino. Anathamangira galimoto akulira, anawagwira amayi uku ndi uku, ndipo kulira kwawo kunali kochokera pansi pa mtima, chifukwa amayi anali mnzawo wa pamaliro onse. Amuna anabwera, anakhala panja, anapepesa. Ndinayamba kuganiza kuti mwina ndinkada nkhawa pachabe.

Kutacha, dzuwa linakwera popanda uthenga wochokera kumanda. Mkulu wa mpingo anapita kukaona, ndipo atabwera analowa m'siwa n'kulankhula ndi amayi chapansipansi. Adzukulu anali atafika kumanda, koma anali chikhalire. Akazi sapita kumanda dzenje lisanathe, zimenezo ndinkazidziwa bwino. Koma ine mtima wanga ndi wapachala, ndinautengera kwa atate omwewo. Ndinamanga chitenje n'kupita.

Ndinawapeza atakhala pamthunzi m'mphepete mwa msitu, makasu, piki ndi fosholo zili pansi. Wamkulu wawo anali mwamuna wa msinkhu wanga, amene tinkasewera naye tili ana tikabwera ndi lole. Sanakweze mawu.

"Aphunzitsi, pepani ndi zovutazi," anatero. "Ife sitinakane. Tikudikira a ku depoti atumize okumba."

"Depoti inatha kalekale, inu mukudziwa," ndinatero.

"Tikudziwa. Atate anga atamwalira, malemuwa anatumiza matabwa. Anali matabwa abwino, sindinama. Koma ine ndinkayang'ana kunjira kuti mnzawo wa atate afika, adzakhale nafe pano. Mayi anga atamwalira, lole inali itatha, iwo ali pakhomo osachita kanthu, sanabwerenso. Tikangodzuka lero n'kukumba, mawa tidzamuuza chiyani munthu amene amasiya munda wake kubwera kuno?"

Zinandipsetsa mtima kwambiri chifukwa ankanena zoona. Komabe nkhani zotere zili ndi mathero ake odziwika. Abanja amapepesa, amapereka nkhuku kapena mbuzi, amamva mawu owawa pamaso pa anthu, kenaka adzukulu amadzuka n'kukumba. Amafuna kuti mudzi uone, basi. Amayi anali atatuma kale munthu kukagwira mbuzi kwa msuweni wa atate. Zikanathera pomwepo, dzuwa lisanafike pamutu.

Mbuzi isanafike, anatulukira amuna atatu okalamba atavala maovolosi. Anali otsala a pa depoti. Anakwera minibasi kuchokera ku Sinda, n'kuyenda wapansi kuchokera pamsewu, ndipo atamva m'mudzi kuti kumanda kwavuta analunjika komweko. Wina anali wamtali, amene kale ankasoka matumba ndipo anali wachiwiri kwa atate mu yuniyoni. Wina ankatsimphina chifukwa mulu wa matumba unamugwerapo. Wachitatu makutu anali atatha, ankangoyang'ana pakamwa pa anzake.

Mkulu wa mpingo anawafotokozera kuti nkhani yatsala pang'ono kutha, abanja akupepesa. Wamtali uja anaimirira njo.

"Apepese chani?" anafunsa. "Muyende mu manda muno muwerenge mabokosi ya matabwa ya ku depoti. Munthu uyu ndiye anayamenyera. Anakhalika anthu pa matumba, pafupi kumangidwa, kuti imwe musamaikidwe mu mphasa. Lero mufuna mbuzi?"

Anawerama, anatola khasu limodzi la adzukulu, n'kufunsa pamene anagona amayi a malemu. Mkulu wa mpingo analoza. Nkhalamba zitatuzo zinayesa malo ndi mapazi, zinalemba pansi ndi mpini, n'kuyamba kukumba.

Amene sanakumbepo nthaka ya kwathu nyengo imeneyo sangamvetse. Khasu linkadumpha ngati lamenya njerwa. Pansi pake panali mizu. Ankasinthana mwa dongosolo, mmodzi khasu, wina fosholo, wina kupuma, akuitanizana ndi timawu timene ankagwiritsa ntchito pokweza matumba. Poyamba adzukulu ena ankaseka. Kenaka kuseka kunatha, panangomveka khasu ndi kupuma kwa nkhalamba. Wotsimphina uja anagwa chagada pa dothi, anzake anamudzutsa, n'kutenganso fosholo. M'manja mwa wamtali munatuluka matuza, ndipo anaphulika. Ine ndinaima potero misozi ikungotsika, osadziwa kuti ndikulira chifukwa cha chisoni kapena manyazi.

Dzenje litafika m'mawondo, wamkulu wa adzukulu anadzuka n'kuvula malaya. Anzake anadzukanso. Anapita pamphepete n'kutambasula dzanja mwaulemu.

"Agogo, basi, tamva. Tulukani mupume, tipatseni khasu. Za mbuzi zisiyeni."

Mtima wanga unakhala pansi. Ndinaganiza kuti zatha, atate agona bwino. Koma wamtali uja anakumbatira khasu pachifuwa.

"Iyayi," anatero. "Ise tinapangana kalekale kuti wantchito aikidwa na antchito anzake. Munakana kum'mawa, kanani mpaka madzulo."

Mkulu wa mpingo anamuchonderera. Ine ndinagwada pa dothi lotentha lija n'kuwomba m'manja. Ndinati, "Atate, chonde, apatseni. Mwaonetsa kale chikondi chanu, onse aona. Dzuwa lakwera, thupi silingadikire." Anandiyang'ana ndi maso ofiira n'kunena kuti, "Mwana wanga, atate ako sanagwadirepo munthu. Nyamuka."

Wamkulu wa adzukulu anaima kanthawi dzanja lili chitambasulire. Kukanizidwa khasu m'manda a kwanu, ndi mlendo, pamaso pa anzako, si chinthu chaching'ono. Anavala malaya ake. Sanatukwane. Anauza anzake kuti atole zida, ndipo anatenga piki, fosholo ndi makasu ena onse n'kubwerera kumudzi. Anasiya khasu limodzi lokha, limene linali m'manja mwa nkhalamba.

Nkhalamba zija zinapitiriza ndi khasu limenelo ndi beseni lakale limene ndinakatenga kumudzi lochotsera dothi. Amuna a mumpingo ankafuna kuthandiza, koma nawonso ndi a m'mudzi momwemo, ali ndi manda awo oti adzakumbiridwe, choncho anangoima patali. Dzuwa litapendeka dzenje linali litafika m'chiuno, ndipo nkhalamba zija sizinkathanso kukweza khasu. Wogontha uja anakhala pansi m'dzenjemo, mutu uli pamawondo. Kumudzi akazi anali atayamba kutuluka m'siwa n'kukhala panja, atatseka mphuno ndi nsalu. Mkulu wa mpingo anabwera kwa ine n'kunena kuti sitingathe kudikiranso.

Tinawaika atate m'manda ofika m'chiuno. Zingwe zotsitsira bokosi sizinafunike, amuna awiri anangolowa n'kulilandira ndi manja. Ulaliki unali waufupi. Amayi a chigwirizano anaimba nyimbo imodzi, ndipo itatha nkhalamba zitatu zija zinaima pamzere n'kuyamba nyimbo yawo ya masiku a chipani, mawu akunjenjemera, wogontha uja akutsalira m'mbuyo. Palibe anawathandiza kuimba. Dothi litakwiriridwa, mtumbira unali waung'ono ngati wa mwana.

Potsanzika, wamtali uja anandigwira dzanja ndi dzanja lake lotupa. Anati, "Taika mnzathu." Nkhope yake inali yokhutira. Ndinkafuna kumukalipira, ndinkafunanso kumukumbatira, ndipo sindinachite chilichonse mwa ziwirizi. Ndinawapatsa madzi osamba m'manja ndi chakudya, ndipo mwini kanta anawatenga kukawatula ku Sinda.

Iwo anapita, ife tinatsala ndi manda osaya. M'mudzi umenewo nkhumba zimangoyendayenda, agalu ndi ambiri, ndipo afisi amatsika kuchokera kuphiri. M'mawa mwake tinapeza mapazi a galu kuzungulira mtumbira ndi pamene anayamba kufukula. Amayi sanalire. Anapinda nsalu kukhala nkhata, anandipatsa ina, ndipo tinayamba kututa miyala kuchokera m'munsi mwa phiri.

Mkazi wamasiye amayenera kukhala pansi m'nyumba, anthu akumubwerera kudzapepesa. Amayi anga masiku amenewo anali panjira ndi mwala pamutu, dzuwa likuswa mtengo. Akazi amene analira nawo sanathe kubwera poyera chifukwa amuna awo anali atakhumudwa. Komabe tinkapeza miyala itaunjikidwa m'mbali mwa njira pamene dzulo lake panalibe, ndipo sitinafunse kuti waika ndani. Tsiku lina tinakumana ndi wamkulu wa adzukulu akuchokera kudimba. Anapatuka panjira, anatipatsa moni nkhope ili pansi, amayi anayankha bwinobwino, ndipo tinadutsana.

Ndakhala ndikufunafuna woti ndimuimbe mlandu. Adzukulu ankateteza chinthu chokhacho chimene mudzi unatsala nacho. Nkhalamba zija zinkateteza chinthu chokhacho chimene zinatsala nacho. Amene ndimawakwiyira kwenikweni ndi amene anauza atate kuti dziko lonse ndi mudzi wawo, n'kuwachotsa pakati pa abale awo, ndi ena aja amene anabwera pambuyo n'kutseka chipata osafunsa kuti anthu awa tsopano apita kuti. Koma amenewo sindinawaonepo nkhope, ndipo palibe mmodzi wa iwo amene anamva kuti atate amwalira.

Miyala itakwana, mtumbira wonse utaphimbika, amayi anakhala pansi pamthunzi n'kuchotsa nkhata. Khosi lawo linali litatupa ndi kusenza miyala. Anayang'ana manda a apongozi awo, akuya bwino, okumbidwa ndi mudzi wonse, kenaka anayang'ana mulu wa miyala umene tinaunjika pambali pake.

"Ine maliro a mudzi uno ndinagona onse," anatero. "Ndikadzafa adzandikumbira lakuya, mwina kuposa la apongozi. Adzachita kulimbirana khasu kuti aonetse kuti iwo ndi anthu abwino."

Ndinati ndi zoona, anthu amawakonda.

"Usadzandiike pano," anatero amayi. "Sindingagone pansi penipeni mwamuna wanga ali pamwamba ngati chinthu chobisa mothamanga. Udzanditengere kwathu."

Amayi anakhala nane ku Vubwi zaka zawo zotsala, ndipo sanapitenso kumaliro a mudzi umenewo ngakhale uthenga unkafika. Atamwalira ndinawaika kwawo, kufupi ndi malire, ndipo adzukulu a kumeneko anakumba osafunsa kanthu. Atate ali okha kupitirira Mkaika, pafupi ndi amayi awo monga ankafunira. Mvula ikatha ndimapita kukabwezera miyala imene yagumuka.